Msuweni Wanga Dizimasi ndi Kanema wa ku Mkanda

Sendererani kuno ana inu, ndipo iwe Tadala uyambe watsitsa foniyo. Ndakuona kalekale kuti waiyang'anitsa kwa ine. Amayi ako akuuza kuti agogo ako ankachita zisudzo mpaka anaoneka pa kanema, ndiye ukufuna ndiyende mayendedwe a Dizimasi kuti ukaonetse anzako. Zimenezo ayi. Nkhani yake ndikuuzani, koma muimve ndi makutu okha.

Dizimasi simukumudziwa, pajatu tinkamuika m'manda Tadala ali kumsana. Anali msuweni wanga, mwana wa atsibweni anga, alongo awo a amayi. Inu a masiku ano aliyense mumangoti kazeni, ngakhale mwana wa amayi aang'ono, amene kwa ife ndi m'bale wako weniweni. Msuweni ndi wina. Msuweni ukhoza kumulanda chipewa pamsika, kumudyera nkhuku, kumutchula wakuba pamaso pa apongozi ake, iye osakwiya. Amangodikira nthawi yake kuti akubwezere. Ine ndi Dizimasi tinayamba zimenezi tikuweta mbuzi kuno ku Mkanda, ndipo sindikumbuka tsiku limene tinapatsana moni wabwinobwino. Akandiona ankati, "Sunafebe iwe Lazaro?" Ine n'kumuyankha kuti, "Ndikudikira uyambe ndiwe, ndikadye nyama pamaliro ako."

Utelala ndinakauphunzira ku Guilleme, kwa bambo wina wokalamba amene ankasoka mayunifolomu a ana a sukulu. Makina ake anali opondaponda, simbi yake ya makala, ndipo ukaiwala kupemerera phulusa unkasiya kadontho kakuda pa malaya a mwini. Chala ichi mukuchiona chopindikachi ndi singano ya makina amenewo. Kumishoni komweko ndi kumene ndinayamba zisudzo, chifukwa pa Khirisimasi ankafuna anthu ochita sewero la kubadwa kwa Ambuye. Anzanga ankalimbirana kukhala Yosefe. Ine ndinkafuna Herode, chifukwa Yosefe sewero lonse amangoima duu ataphatikiza manja.

Inali nthawi ya chipani chimodzi. Sindingakufotokozereni bwino mantha a nthawi imeneyo, chifukwa inu mumanena atsogoleri pa foni muli gone pamphasa. Ife ngakhale kumunda unkayamba wacheuka usananene kanthu. Ndiye Dizimasi anamusankha kukhala tcheyamani wa nthambi ya chipani kwathu kuno, n'kuyamba kuima pachipata cha msika kufunsa anthu makhadi. Mayendedwe ake anasintha sabata yomweyo. Mimba inatsogola, dzanja limodzi linapita kumbuyo, ndipo asanalankhule ankatsokomola kawiri.

Chaka chimenecho Herode wanga anatulukira mimba ili patsogolo, dzanja kumbuyo, n'kutsokomola kawiri. Anthu anazindikira, koma palibe anaseka. Onse anayang'ana benchi lakutsogolo pamene panakhala Dizimasi. Iye anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, kenako anakuwa kuti, "Herode wanji wa miyendo ngati bango? Asilikali, mupatseni phala mfumu yanuyo!" Pamenepo mpamene anthu anamasuka, kuseka mpaka amayi ena kugwetsa mipango. Mawa lake anyamata a chipani anapita kwa iye kukafunsa ngati anditenge. Dizimasi anawauza kuti, "Ameneyo ndi msuweni wanga, zimenezo ndi zathu. Inu mulibe asuweni kwanu?" Anabwerera. Anthu ena anasowa chifukwa cha zinthu zochepa kuposa pamenepo, ana inu, ndipo ine ndinapitiriza kusoka pakhonde panga chifukwa cha mawu amenewo.

Zipani zambiri zitabwera, Dizimasi anagona ali chipani china, n'kudzuka ali china. Patapita zaka anakhala khansala. Ifenso pakamwa panali patamasuka, ndiye tinapanga gulu la anthu asanu n'kukonza sewero la munthu wandale amene amalonjeza mlatho chaka ndi chaka. Ndinasoka jekete yovala mbali zonse ziwiri, kunja mtundu wina, mkati mtundu wina. Mtsogoleri wa chipani china akatulukira, ine ndinkathamangira kuseri kwa mtengo, kutembenuza jekete, n'kubwera ndikuwomba m'manja. Tinalichita pabwalo la sukulu, pamsika, ku Kachebere, mpaka kutsidya kwa malire titaitanidwa ku ukwati.

Koma sewerolo linkakoma kwenikweni kuno kwathu, chifukwa Dizimasi sankalephera kubwera. Ankatenga mpando wake, n'kuuika kutsogolo kwenikweni. Ine ndikatsokomola kawiri n'kunena kuti, "Ine Dizimasi wa ku Mkanda, mlatho ndimanga mvula isanagwe," ndinkaima kaye. Iye ankati, "Nanga iwe malaya anga aja unati ndibwere mawa, mawa lake ndi liti? Chaka chachitatu chino!" Ndipo zinali zoona, matelala timakonda mawa kuposa andale. Ndikatembenuza jekete, iye ankati, "Onani msoko wake, wakhota ngati mwini wake." Anthu ankaseka ine, n'kuseka iye, n'kusekanso ine. Pomaliza tinkapita limodzi kukamwa thobwa, ndipo za mlathozo ankazimva ndithu, chifukwa tsiku lina anakokera akuluakulu a kuboma kudzaona mtsinjewo.

Tsopano za kanema. Ife a ku Mchinji tinamuona kanema anthu ambiri a m'dziko muno asanamuone, chifukwa tinkakola wa ku Zambia. A Tembo a golosale anali naye wamng'ono, wosaonetsa mitundu, woyendera batire ya galimoto. Waya wake anaumangirira kunsonga kwa nsungwi ziwiri zolumikiza, ndipo mphepo ikawomba anthu a m'kanemamo ankasanduka mchenga. Ine chinthu chimenechi chinkandisowetsa mtendere. Ndinkapita kuseri kwake kukasuzumira m'timabowo, kununkhiza fungo lake la fumbi lotentha. Funso langa linali limodzi: kodi munthu ali m'katimo amadziwa kuti tikumuona? A Tembo ankati, "A Lazaro, khalani pansi, mukutitchinga."

Kanema wathu wa m'dziko muno atayamba, analibe zinthu zambiri zoonetsa, ndiye anthu ake ankayendayenda kufuna magulu a zisudzo. Anatipeza tikusewera kuboma. Mkulu wawo anali mayi wina wovala thalauza, wolankhula mofulumira, amene tinkangowatchula kuti amayi a kanema. Anati sewero lathu ndi lamphamvu, dziko lonse liyenera kuliona, tipite ku Lilongwe akatijambule. Dizimasi tsiku limenelo kuboma kunalibe, ndiye amayiwo sanamuone. Ifenso sitinaganize zomutenga. Sanali wa m'gulu lathu, ndipo m'mutu mwanga iye anali woonerera chabe.

Tinapita pa matola, titakhala pamwamba pa matumba a mtedza, jekete ndili nayo m'jumbo pachifuwa. Agogo anu aakazi anandikazingira chimanga cha pa ulendo, ndipo ndinafika mu Lilongwe nsagwada zikuwawa. Anatilowetsa m'chipinda chachikulu chopanda zenera. Munali magetsi otentha moti thukuta linkatsikira m'maso, mawaya pansi ponseponse, ndi makamera awiri pa miyendo itatuitatu. Ndinapempha kuti ndisuzumire m'kamera imodzi, ndipo ndinaona mnzanga Filipo ali wamng'ono ngati chala. Ndinafunsa kumene mawu amalowera, anandionetsa chinthu chaubweya chili pa ndodo. Ndinafunsanso kumene anthu akhale.

"Anthu ake ati?" anafunsa amayi a kanema.

"Oonerera."

"Oonerera ali kunyumba kwawo, bambo. Inu muziyang'ana apa pali kagetsi kofiiraka."

Tinayamba. Ndinatsokomola kawiri, n'kunena za mlatho, n'kuima monga mwa nthawi zonse. M'chipindamo munali zii. Ndinamva ngati ndaponda pamene ndimayesa pali sitepe koma palibe. Amayi aja anaimitsa makamera.

"Mwaiwala mawu?"

"Iyayi mayi, pamenepa pamayankha munthu."

"Ndani?"

"Dizimasi."

"Dizimasi si ndinu?"

"Ine ndine wa m'sewero. Weniweniyo amakhala kutsogolo."

Amayi aja anafunsa kuti, "Ndiye kuti dzinali ndi la munthu weniweni? Sadzadandaula?"

Ndinaseka, anzanganso anaseka. Ndinati, "Mayi, ameneyo ndi msuweni wanga." Kwa ine yankho limeneli linali lokwana, pajatu linabweza anyamata a chipani. Amayiwo anagwedeza mutu, mwina kwawonso asuweni amatero, n'kunena kuti, "Chabwino, koma musamaime. Nthawi ya kanema ndi yochepa. Kuseka tidzaikamo tokha."

Zoti kuseka kumaikidwa ngati mchere zinandidabwitsa kwambiri, moti maganizo anga onse anathera pamenepo. Ndinafunsa kuti anthu osekawo ndi a kuti, ndipo anaseka chiyani poyamba. Wojambula wina anati iyenso sadziwa, tepiyo anangoipeza. Tinabwereza sewerolo kanayi, ine ndikuthamanga osapumira, ndipo mipata yonse ya Dizimasi inatsekeka. Ndinabwerera kumudzi ndikudzimva kuti ndine munthu.

Tsiku loonetsa linali Loweruka madzulo, dzuwa lisanalowe. Inali nyengo yogula mtedza ndi fodya, ndiye pa Mkanda panadzaza alendo: mavenda a ku Lilongwe ndi masikelo awo, madalaivala a malole, ena ochokera ku Chipata. A Tembo anatulutsa kanema pakhonde. Ine ndemwe ndinapita kukamuitana Dizimasi, ndipo ndemwe ndinamunyamulira mpando n'kuuika kutsogolo. Anabwera atavala jekete yake yabwino, akundiuza m'njira kuti, "Lero ndikumaliza pamaso pa dziko lonse."

Nkhope yanga itatulukira, anthu a kwathu anakuwa. Ine ndinadziona ndili ndi makutu aakulu kuposa mmene ndinkaganizira. Wa m'kanemayo anatsokomola kawiri n'kunena kuti, "Ine Dizimasi wa ku Mkanda, mlatho ndimanga mvula isanagwe." Dizimasi anadzutsa mutu n'kuyamba kuti, "Nanga iwe malaya anga aja..." Koma wa m'kanemayo anali atapitirira kale, ndipo kuseka kwa anthu osadziwika kuja kunakwirira mawu ake. Anadikira. Pofika potembenuza jekete paja anayesanso, mokweza, koma zinali chimodzimodzi. Venda wina kumbuyo anati, "Akulu, takhalani chete timve. Sakukumvani ameneyo."

Kenako wina wa kwathu konkuno, mosaganiza, anauza alendowo kuti Dizimasi wake ndi ameneyu. Nkhani inayenda pakhonde ponse. Anthu anasiya kuyang'ana kanema n'kumayang'ana iye. Dalaivala wina wa ku Chipata anamugwira phewa n'kunena kuti, "Ndimwe a Dizimasi? Tembenuzani jekete tione mkati, mudala." Anthu amenewa sanali asuweni ake, sankamudziwa n'komwe, ndipo iye analibe chowabwezera. Anatembenuka kundiyang'ana ine weniweni, amene ndinaima pambali pa chipilala. Ndikanatha kunena kanthu kuti andiyankhe, koma ndinali nditatengeka ndi nkhope yanga ya m'kanemayo. Mpaka lero zimenezi zimandichititsa manyazi.

Anakhala mpaka sewero linatha. Kenako anaimirira, anavula chipewa, n'kunena kuti, "Zikomo bambo, mwasewera bwino." Ananyamula yekha mpando wake n'kumapita.

Kunyumba ndinawauza agogo anu aakazi kuti Dizimasi wayamba nthabwala yatsopano yondilemekeza. Iwo anali akusenda mtedza, ndipo sanadzutse mutu. Anati, "Si nthabwala imeneyo. Mwam'menya mnzanu atamangidwa manja." Ndinakana, ndinati mawu ake ndi omwe aja a masiku onse, sindinawonjezepo ngakhale limodzi. Iwo anati, "Mawu ndi omwewo, koma iye munam'chotsamo."

Choipa china n'chakuti a kanema, posowa zoonetsa, analibwereza sewerolo kambirimbiri. Dizimasi akapita ku msonkhano kuboma, anzake ankatsokomola kawiri iye akamalowa. Mwana wake amene ankaphunzira ku Lilongwe anamupatsa dzina loti Jekete. Ine ndinkalandira moni kwa anthu osawadziwa m'maminibasi, ndipo sindikunamizeni, zinkandikoma. Koma ndikafika pa Mkanda n'kukumana ndi msuweni wanga, iye ankapatuka pang'ono, kugwira chipewa, n'kunena kuti, "Mwadzuka bwanji bambo? Kunyumba ali bwanji?" Ndinayesa kumuputa. Ndinamunena mimba, ndinamunena dazi, tsiku lina ndinamulanda chipewa pamsika. Anangoima n'kudikira mwaulemu mpaka ndinam'bwezera ndekha.

Ndinagwira tambala n'kupita kwawo kukapepesa. Anandilandirira njinga, anandipatsa mpando wa alendo iye n'kukhala pa chitsa, ndipo mkazi wake anandigwadira pondipatsa madzi. Kale pakhomo pamenepo ndinkangolowa mpaka kukhitchini n'kuvundukula miphika. Ndinalankhula zonse zimene ndinakonza. Iye anamvetsera mpaka kumapeto n'kunena kuti, "Palibe mlandu, bambo. Munali pa ntchito yanu." Anandiperekeza mpaka kumsewu monga amachitira ndi mlendo. Ndinapalasa njinga ndikulira, munthu wamkulu ndithu, chifukwa ndinadziwa kuti ndataya munthu amene ankandidziwa kuposa wina aliyense.

Sewero lija ndinalisiya. Anzanga anapitiriza ndi munthu wina, ndipo a kanema anatiitananso koma ine sindinapite. Zinakhala choncho zaka zisanu ndi ziwiri. Pamaliro tinkakhala moyandikana, kutchalitchi benchi limodzi, ulemu wokhawokha. Ine ndinkadzifunsabe kuti chinthu chija chinalakwa pati, popeza kamera sinawonjezere kanthu, inangojambula zimene ndinachita. Nanunso mukamajambulana ndi mafoniwa ndimafuna nditadziwa kuti wojambulidwayo amayankhira kuti. Iwe Tadala udzandifotokozere tsiku lina, koma osati lero.

Tsono tsiku lina la msika ndinamanga nkhumba pa kaliyala kuti ndikagulitse. Njinga yanga inalibe mabuleki, ndinkaimitsa ndi chidendene pa tayala, monga ankachitira aliyense. Pofika potsetsereka paja polowera mumsika, nkhumba inadzigwedeza, patapata wanga anaduka, ndipo ndinakalowa mu mulu wa tomato wa amayi ena. Njinga uko, ine uku, nkhumba inamasuka n'kulowa pa salaula, pogulitsira zovala za kaunjika. Poti ndidzuke ndinamva kuti thalauza yang'ambika kumbuyo kuyambira m'chiuno mpaka pansi, ndiye ndinangokhalanso pa tomato pomwepo. Msika wonse unandizungulira, koma poti ndinali munthu wachikulire, anthu ankadzigwira pakamwa.

Ndiye ndinamva munthu akutsokomola kumbuyo kwa gululo. Anthu anapatuka, ndipo Dizimasi anatulukira ndi ndodo yake, atakalamba, mano akutsogolo atatha. Anandiyang'ana nthawi yaitali. Ndinkayembekeza kuti anena kuti pepani bambo.

"Abale anga," anatero, "bwerani mudzaone telala wa pa kanema. Thalauza wasoka yekha ameneyu."

Anthu anaphulika. Iye sanalekere pomwepo. Ananena za miyendo yanga, ananena kuti nkhumba yathawa chifukwa yachita manyazi kuoneka ndi ine, ananena za diresi la ukwati limene ndinamaliza mkwatibwi ali ndi ana awiri. Anakumba zinthu za zaka zonse zija, zina zimene ine ndinali nditaiwala, ndipo zinkatuluka mwadongosolo moti ndinadziwa kuti wakhala akuzisunga. Akanena chimodzi ankaima pang'ono, anthu a kwathu n'kutembenukira kwa ine kudikira kuti ndibweze.

Yankho ndinali nalo, ana inu. Munthu wopanda mano akukunena pagulu, yankho lake silisowa, ndipo linali lokoma moti lilime linkandiyabwa. Ndinalimeza. Ndinakhala pa tomato paja, madzi ake akulowa m'thalauza, n'kumusiya anene mpaka mawu anamuthera ndipo anayamba kupuma mwabefu. Amayi a tomato nawonso anali ataiwala zokalipa.

Atamaliza anapukuta misozi ya kuseka ndi chipewa, n'kunditambasulira ndodo yake kuti ndigwire.

"Dzuka, chitsiru iwe," anatero. "Ukufuna ufere pa tomato wa eni ake?"

Ndinagwira ndodoyo n'kudzuka. Anavula jekete yake n'kundimangirira m'chiuno kuti ndibise kumbuyo, ndipo tinapita awiri kukasaka nkhumba, iye akunditukwana njira yonse.